Dzina Pansi pa Duwa

"Bambo anga ananyamula mabokosi a akatswiri a zomera zaka makumi awiri m'phirimo. Amene anawalozera duwa lija ndi iwowo. Nanga dzina lawo lili kuti?" Mayiwo anafunsa asanakhale n'komwe.

Mwana wawo wamkazi, yemwe tsopano amayang'anira chipinda chosungiramo zomera zouma, anatsegula kabati n'kutulutsa pepala lakalekale. Duwalo linali pomwepo, lophwatalala, ndipo kakhadi kake kankangoti "wonyamula katundu". Pansi pake anali atamatapo kena katsopano.

Mayiwo anatsata zilembozo ndi chala, akuzitchula chimodzichimodzi, mpaka dzina la bambo awo linatuluka lathunthu.

"Walemba tating'ono ngati nyerere, iwe."

"Ndikulitse, amayi?"

"Usakhudze," anatero, chala chili pompo.