Dzanja la Agogo Piling

Tusekele anawerama kuti akonze pilo, dzanja la agogo Piling n'kumugwira tsitsi. Sanadabwe. Chiyambire ntchito kunyumba yosamalira okalamba ya ku Lawrence, m'mbali mwa mzinda wa Indianapolis ku America, zimenezi zinali za tsiku ndi tsiku. Agogowo maso anafa kale, nzeru nazo zinkachita kubwera ndi kupita. Aliyense woyandikira bedi ankamupapasa kumutu. Likakhala tsitsi lowongoka, ankalisiya msangamsanga ngati agwira mbaula. Likakhala lopotana ngati la Tusekele, zala zinkakakamira momwemo.

"Itoy," ankatero. "Itoy mwana wanga, wabwera?"

Agogo Piling anali ochokera ku Philippines, dziko la zilumba, koma kuwaona mukanati ndi azakhali anu a ku Karonga: aafupi, akuda, tsitsi lopotana la imvi zokhazokha. Mtundu wawo umatchedwa Aeta, eni nthaka akale a kumapiri. Izi Tusekele anazimva kwa mkazi wa bambo Edmond, amene anabweretsa agogowo kuno. Mayiyo, watsitsi lofika m'chiuno, anabwera kamodzi kokha, ndipo anaima pakhomo chikwama chili m'khwapa.

"Kwathu anthu amenewa amapemphetsa m'misewu," anatero akukwinya mphuno. "Bambo anga sakanalola wotere kudyera nafe patebulo. Uyu ndi wamwayi. Amuna anga anamutenga kuti azitilerera ana, taonani lero akugona pabwino."

Kunena zoona, bambo Edmond anali bwana wa mtundu wina. Ndi bwana uti amayendera wantchito wake tsiku lililonse? Anali munthu woyererako, injiniya pafakitale ina ku Speedway, wa suti, mutu wometa mpala mpaka kunyezimira. Akaweruka ankafika n'kukhala pampando wa pakona, chete. Tsiku lina anayandikira bedi. Agogo anapapasa mpalawo, n'kubweza dzanja mwamantha.

"Pepani, bwana," anatero.

Kuchokera tsiku limenelo bamboyo sanachokenso pakona.

Kenako agogo anasiya kudya. Adokotala anati masiku atsala ochepa. Tusekele mtima unamupweteka koopsa. Mayi ake omubala anamwalira ku Karonga iye ali pashifiti kuno, mapepala ake okhalira m'dziko muno asanalongosoke, ndipo anamva kuti ankatchula dzina lake mpaka mawu kutha. Kuti nkhalamba inanso ipite ikuitana mwana wosabwera, iye ali pomwepo akuonerera? Ayi ndithu.

Tusekele anamudikirira bambo Edmond pakhomo la chipinda.

"Bambo, chonde, mufunefuneni Itoy. Olo pafoni pokha, amve mawu ake."

"Itoy anasowa kalekale," anayankha bamboyo, maso ali pansi. "Phiri la moto litaphulika, mudzi wawo unakwiririka ndi phulusa. Mnyamatayo anapita kutauni kukaphunzira. Sanabwererenso."

"Ndiye basi? Mayi anakulererani ana onse, inu n'kungoti anasowa?"

Mawa lake bamboyo anabwera atavala chipewa cha ubweya, chija cha nthawi ya chisanu, chofika m'makutu. M'mwezi wa Julaye, abale, kunja kukuwotcha mpaka phula kufewa! Sanachivulenso. Tusekele anangoti ndi manyazi, munthu akufuna pobisa nkhope.

Tusekele anadandaula kwa Akuzike, Mmalawi mnzake wa shifiti yomweyo, akusintha nsalu za pabedi.

"Iwe, ukufuna akufaye?" anatero Akuzike monong'ona. "Akangokuripota kwa manijala, watha. Za mabanja a eni zisiye. Ife tinabwerera kupukuta ndi kudyetsa basi."

Komabe Tusekele anayesa. Pa nthawi yopuma ankalemba dzinalo pa intaneti, n'kutuluka a Itoy osawerengeka, ena pa njinga zamoto, ena atanyamula tambala. Dzina la bambo ake sankalidziwa, mudzi sankaudziwa. Angayambire pati? Analembera angapo, palibe anamuyankha.

Chimene chinatsala n'kubwereketsa mutu wake. Akamaliza ntchito zina ankagwada pambali pa bedi, n'kuika dzanja la agogo m'tsitsi mwake. Ankakhala choncho mpaka khosi kuuma. Agogo akafunsa kuti "Wabwera?" iye ankati, "Ndabwera, amayi." Linali bodza, ndipo linkamuwawa, koma nkhalambayo inkagona. Pakona paja bambo Edmond ankangoyang'ana, thukuta likutsika m'munsi mwa chipewa. Nthawi zina ankalowetsa chala m'chipewamo, n'kugwiragwira, n'kupukusa mutu. Tusekele anasiya ngakhale kumupatsa moni.

Agogo Piling anatsirizika Lachinayi masana, zala zili m'tsitsi la mlendo wa ku Malawi. Tusekele anazichotsa chimodzichimodzi, akulira. Anawatseka pakamwa, n'kuwawongola miyendo monga amachitira kwawo.

Bambo Edmond anafika ali wefuwefu, tayi ili pambali. Anaima pakati pa chipinda, n'kuyang'ana bedi.

"Mwachedwa," anatero Tusekele, osabisa mkwiyo. "Apita akumuitanabe."

Bamboyo sanapite pakona. Anagwada pomwe Tusekele ankagwada, n'kuvula chipewa chija. Tusekele anaganiza kuti ndi ulemu chabe wa pamaliro, mpaka pamene anaona mutuwo. Mpala panalibe. Panali tsitsi longomera kumene, lalifupi, lopotana ngati lake.

"Ndimadikira litalikeko pang'ono, kuti andizindikire," anatero bamboyo. Anatenga dzanja lozizira lija n'kuliika pamutu pake. "Amayi, ndabwera. Ndine Itoy."