Kalata Yopanda Dzina

Ine Desmond Pruitt ndinamulakwira Narelle Quigley mu 1991, ali ndi zaka khumi ndi ziwiri. Anameta tsitsi n'kulowa timu ya mpira ya anyamata, mwana wanga n'kumangokhala pabenchi. Ndinalembera akuluakulu a ligi kalata yopanda dzina youlula kuti ndi mtsikana. Anamutulutsa m'bwalo pa nthawi yopuma, lalanje lili kukamwa.

Lero bwalo lomwelo alitcha dzina lake, poti anasewerera Australia zaka khumi. Ine ndimawotcha masoseji kuseri kwa golo, iye anabwera akutsimphina.

"A Des, mpaka pano mukupserezabe masoseji?"

"Odya ake sadandaula."

Anaseka, kenako analoza mayi wokalamba amene anaima yekha kunja kwa mpanda. "Mwawaona a Colleen, aneba athu akale? Abwera ndithu, alibe manyazi. Mayi anga anamwalira osawapatsa moni chifukwa cha kalata yawo ija."

Anthu ena amayankhula chonchi pofuna kukutchera msampha, choncho ndinamuyang'ana m'maso. Sankadziwa kanthu.

"Ndikuikire anyezi?" ndinafunsa.

"Ikani wambiri."

Ndinamuikira wambiri. A Colleen anaimabe kunja mpaka mwambo unatha, ndipo palibe amene anawaitana.