Chala cha Mai Faides

Panali munthu wina kwa Magodi, dzina lake Anderson. Nkhaniyi anandiuza ndi mlamu wanga amene anali pamzere wa feteleza tsiku limenelo, ndiye musati ndapeka.

Anderson anali ndi mkulu wake, a Manasseh, amene anagwira ntchito zaka 23 pa sikelo ya kopaletivu, kuyeza chimanga ndi mtedza. Msana utayamba kuvuta, anapempha okha kuti apume. Asanachoke anatengana ndi akazi awo, mai Faides, kupita ku ofesi. Mayiwa sadziwa kulemba, ndiye anadinda chala chachikulu pa fomu ya penshoni. Chalacho chili ndi chipsera chachitali, chikwakwa chinawatema ali mtsikana.

Pobwerera pa njinga bambowo anati, "Nikadzafa upiteko wekha. Osatuma munthu."

Patapita zaka ziwiri a Manasseh anamwalira, mwana wawo Taizya atangopeza malo ku koleji ya unamwino. Maliro atatha Anderson anafika nkhope ili yachisoni.

"Mulamu, za penshoni muiwale. Akulu anasiya okha nchito, ndipo wosiya yekha banja lake silidya kanthu. Koma nipatseni mapepala nikafunseko, inu mungataye chabe ya transipoti."

"Nanga Taizya?"

"Akwatiwe. Amuna sanathe."

Mai Faides anaiwala mawu a pa njinga aja. Anapereka zonse, ndi chitupa chawo chomwe, cha chithunzi chakale chosaonekanso bwino.

Anderson anapita ku boma, anapeza mayi wina wogulitsa mowa, namuveka duku lakuda. Analowa naye mu ofesi ya kopaletivu, mayiyo akulira mpaka kusisima.

Kalaliki, mai Evelina, anati, "Monire amama, pepani. Sainani apa."

Mayi uja anasaina mwaluso, dzina lokhala ndi mchira ngati la hedimasitala. Mai Evelina anatsegula faelo yakale, anayang'ana fomu, anayang'ananso mayiyo.

"Kulemba munaphunzira liti?"

Anderson anayankha msanga, "Sukulu ya akulu, madamu."

"Mwachita bwino. Dindaninso chala apa."

Chala chinatuluka chosalala, chopanda ngakhale kamzere. Mai Evelina anangoti, "Mubwere Lachisanu mudzatenge." Awiriwo atatuluka, mai Evelina anatuma uthenga kwa mai Faides kumudzi kudzera kwa dalaivala wa lole ya chimanga.

Lachisanu Anderson anafika atavala jekete, ndi wamasiye wake wobwereka. Anapeza mai Faides ali pa benchi, Taizya pambali, njinga yoyedzamira khoma.

Mai Evelina anaitana onse pamaso pa anthu a pamzere. "Mwamuna anali mmodzi, pa fomu mkazi ndi mmodzi, koma ndikuona awiri. Inki ndi iyi."

Mai Faides anadinda. Chipsera chija chinatuluka ndendende ngati cha pa fomu. Mayi wa mowa anavula duku nanena, "Ine ananilonjeza chabe K300, ngakhale manda sinidziwa kumene ali." Pamzere panagwa phwete.

Kenaka mai Evelina anawerenga lamulo la kopaletivu yawoyo mokweza: amene wagwira zaka zokwanira, kaya wapuma yekha kaya wakalamba, akamwalira mkazi wake alandira mwezi ndi mwezi.

Anaitanitsa apolisi, ndipo akumutulutsa Anderson, mai Faides anamuyandikira mwaulemu.

"Mulamu, ya transipoti musadandaule. Nabwela pa njinga."

Lero Taizya ali chaka chachiwiri ku koleji. Mai Faides mwezi ukatha amapalasa okha kupita ku ofesi, ndipo akamadutsa pa sikelo anyamata onyamula matumba amawaimikira chala chachikulu.

Phunziro: Munthu akapuma yekha pantchito, musafulumire kukhulupirira kuti banja lake lilibe gawo. Pitani nokha mukafunse ku ofesi, ndipo mapepala a malemu musapatse munthu, ngakhale amene analira kwambiri pamaliro. Abambo, lembetsani akazi anu mukadali moyo. Tumizani nkhaniyi kwa amasiye amene mukuwadziwa, ndipo wosadziwa kuwerenga mumuwerengere.