Pepala la Aljebra Lobedwa mu Dilowa

Panali munthu wina dzina lake Reginald, mphunzitsi wochokera ku Dedza, amene boma linamutumiza kusekondale ina kufupi ndi Chilumba m'zaka zija aliyense ankayenda ndi khadi la chipani m'thumba. Phunziro lake linali jogalafe, koma poti aphunzitsi anali ochepa anamupatsanso masamu a Fomu 3B. Kalasi ya 3A inali ya Gideon, mwana wakonkuno ku Karonga, amene ana ake ankakhoza aljebra ngati akumwa madzi.

Reginald zimenezi zinkamudya mumtima. Munthu woyankhula Chichewa chopotoka chonchija n'kumatamandidwa pa asembule? Anafika mpaka ponong'oneza tcheyamani wa chipani kuti Gideon alibe khadi, koma atamufunsa khadi linatuluka. Gideon sanasunge mangawa. Tsiku lina anamuuza mwaulemu kuti asanayambe kugawa aljebra azisanja kaye manambala, x wa pawa yaikulu patsogolo, ang'onoang'ono pambuyo, ndipo pamene palibe aziikapo ziro. Reginald anayankha kuti iye sanakwere sitima ya panyanja masiku onse aja kudzaphunzitsidwa ndi mnzake wa choko.

Kenako kunabwera uthenga woti woyendera sukulu akubwera kudzasankha mphunzitsi mmodzi wa masamu woti akachite maphunziro apamwamba ku Zomba. Malo amodzi okha. Apa nsanje inachita kusefukira. Kutatsala tsiku limodzi kuti woyenderayo afike, pa nthawi ya buleki Reginald anatsegula dilowa ya Gideon n'kusolola pepala la phunziro limene mnzakeyo anakonza. Maganizo ake anali akuti aliphunzitse iyeyo m'mawa, kuti Gideon akamadzalowa masana aoneke ngati wokopera.

Chimene sankadziwa n'chakuti Gideon ankalemba mafunso ake mosokoneza dala, kuti ana ayambe ndi kusanja okha.

Woyendera uja atakhala kumbuyo kwa kalasi, Reginald analemba pa bolodi monyadira: 6 − 7x + x³, kugawa ndi x − 1. Anayambira pa 6 pomwepo. Mzere woyamba unakana. Anafufuta, nayambanso, zinakananso. Ndi kutentha kwa ku Karonga, malaya onse ananyowa. Ana anayamba kutsinana uku akunong'onezana m'Chitumbuka, ndipo iye sankamva ngakhale liwu limodzi, koma ankadziwa kuti akunena iyeyo.

Woyenderayo ananyamuka, natenga choko, nalemba x³ + 0x² − 7x + 6. Mizere itatu yokha, yankho linatuluka: x² + x − 6. Kenako anatola pepala lija patebulo, naliyang'anitsitsa.

"Aphunzitsi, zolemba za pabolodizi ndi za papepalazi si za dzanja limodzi. Pepalali ndi la ndani?"

Woyenderayo anaganiza kuti lingakhale la mphunzitsi wa masamu wa 3A. Anaitanitsa Gideon, yemwe anali atafunafuna pepala lake m'mawa wonse. Gideon analiyang'ana, nayang'ananso mnzakeyo, nanena mwachifatse:

"Ndi langa, bwana. Akanandipempha ndikanawapatsa, pamodzi ndi tsamba lachiwiri lomwe. Mayankho ali kumeneko."

Ku Zomba kunapita Gideon. Reginald analandidwa masamu, ndipo kalata yomudzudzula inalowa m'fayilo yake.

Phunziro: Nsanje imatseka makutu, ndipo safunsa anadya phula. Mnzako akakuposa, mufunse wachita bwanji m'malo momubera. Musaisunge nokha nkhaniyi, apatsireni anzanu a kuntchito.