Kanema amene anatseka pakamwa bambo Darmaji

Panali mtsikana wina mumzinda wa Semarang, dzina lake Ratri. Amene anandiuza akuti izi zinachitikadi.

Masana aliwonse m'kanjira ka kwawo munkadutsa bambo Darmaji, akukankha ngolo ya bakso, msuzi wa timipira ta nyama. Anzawo amaitana ogula pogogoda mbale ndi supuni, koma iwo ankaimba nyimbo zovinira za dangdut ndi mawu osasa, chiuno chikugwedera. Ratri akagula, ankamuwonjezera kampira kamodzi. "Aka n'ka mwana wasukulu," ankatero.

Tsiku lina Ratri anawajambula mobisa ali pawindo.

"Ukawapemphe kaye eni ake," anatero mkulu wake Sekar.

"Inunso achemwali! Ndi zongoseka izi."

Anaphatikizamo kulira kwa mbuzi n'kuponya kanemayo pa intaneti. Sabata isanathe, mzinda wonse unali utamuona. Achinyamata anayamba kuwatchinga bambowo pamsewu, mafoni m'mwamba.

"Madala a mbuzi! Vinani kaye, tikatero tigula!"

Bambo Darmaji anasiya kuimba. Anayamba kugogoda mbale ngati ena onse.

Ratri akamva kugogodako, mtima unkamuwawa. Tsiku lina analimba mtima n'kutuluka, mbale m'manja, maso pansi.

"Bambo, kanema uja..."

"Ndikudziwa, mwanawe. Windo lake ndi lanu lija la nsalu yobiriwira."

Anathira msuzi mwakachetechete.

"Sindinkaimbira ogula ayi. Akazi anga kunyumba anafa ziwalo, sadzuka. Nyumba yathu ili kuseri kwa mzikiti uko. Akamva nyimbo ankadziwa kuti ndayandikira, kuti ndili bwino."

"Ndiye muziimbabe, bambo! Ndamufufuta kale."

"Wafufuta wako. Nanga wa anthu enawo? Mwana wa aneba anakawaonetsa mayiwo, poyesa kuti aseka. Analira. Anati, 'Abambo, musadzachititsidwenso manyazi chifukwa cha ine.' Ndinalonjeza."

Anamupatsa mbale ija n'kukankha ngolo yawo. Ratri atayang'ana, anapeza kampira kowonjezera kali momwemo. Anakhala pakhonde mpaka msuzi unazizira.

M'kanjira kaja nyimbo sinamvekenso.

Phunziro: Musanajambule munthu kuti ena aseke, mufunseni. Simudziwa amene akumuimbira. Kanema ukamuponya sabwerera, ndipo "pepani" safika konse kumene anafika. Tumizirani anzanu, makamaka amene chala chimawayabwa pa foni.