Ulemu Umene Anampatsa Masiye

Masiye ankapinda ukonde pagombe m'mawa wa tsiku lotsegulira usodzi ku chilumba cha Mbenji, ndipo aliyense wodutsa ankamupatsa moni wa manja awiri. Anthu omwewo kale ankamulambalala ngati matope. Lero munthu amene chaka chatha ankasenza ndowa ya chimbudzi kundende ankatchedwa bambo.

Chinamumangitsa ndi dzanja lake. Pa mowa wina anakangana ndi Yesaya, mwini boti, ndipo anatola nkhafi n'kumuthyola nayo mkono. Khoti linamupatsa zaka zambiri. Koma pa chikondwerero cha ufulu boma linakhululukira akaidi ena, dzina lake n'kutuluka nawo, mwini wake osadziwa kuti zatheka bwanji. Anangomuuza kuti mwezi uliwonse azikaonekera kupolisi kuboma la Salima, ndipo akadzangokwezanso dzanja pa munthu adzabwerera kukamaliza zaka zotsalazo, zina pamwamba.

Kundendeko sankafunako n'komwe. Anasiyako mano a kutsogolo, anasiyakonso mnzake wogona naye pamphasa imodzi amene anafa ndi m'mimba anthu akungoyang'ana.

Pobwera kumudzi sankayembekezera chabwino. Anali mkamwini chabe kwawo kwa mkazi wake Lena, ndipo mkamwini wochititsa manyazi sachedwa kupeza katundu wake ali panja. Nthawi yonse imene anali m'ndende palibe anapita kukamuona ngakhale ndi chinangwa chowotcha. Anapeza nyumba itagwa mbali imodzi, Lena atasamukira kwa amayi ake pamodzi ndi mwana wawo Gladys. Mlamu wake Lenard, mwini mbumba, anali atanena anthu akumva kuti munthu wankhanza ameneyo asadzapondenso pakhomopo.

Masabata oyamba moni wake unkangogwera pamchenga. Zinamuwawa koopsa, koma analuma mano amene anamutsalira. Mowa anausiyiratu. Ankasoka maukonde a eni ake popanda womutuma, ankakankha nawo maboti, akamunyoza ankangowerama. Ankati anthu ali ndi maso, tsiku lina adzaona okha.

Ndipo zinatembenukadi. Lenard yemwe uja anabwera ndi mitolo ya udzu kudzafolera nyumba ya mlamu wake. Lena anabwerera ndi mapoto ake, wofatsa ngati mtsikana wongolowa kumene m'banja. Pabawo, Masiye akangotulukira, amuna ankasendera kumupatsa malo, mikangano n'kuthera pomwepo. Nkhani zinkasanduka za mvula yabwino ndi chitukuko cha dziko. Iye ankathokoza mumtima kuti anzake akumupewetsa ndewu, poti amadziwa pamene pali kufooka kwake.

Mayeso enieni anabwera ndi Pitala, msodzi wina wa pakamwa. Tsiku lina ataledzera anamutchula kaidi pamaso pa anthu, n'kumulavulira pa malaya. Magazi anamuthamangira Masiye kumutu, ndipo nkhafi inali pafupi pomwepo. Anaika manja kumbuyo n'kuwagwira mpaka zikhadabo kulowa m'khungu, kenako anatembenuka n'kumapita kwawo. Kutacha abale a Pitala anamukokera mwini mlanduyo pakhomo pa Masiye, nkhuku ili m'manja, kudzapepesa. Atachoka, Masiye analowa m'nyumba n'kulira ngati mwana. Anali asanalemekezedwepo chotero chibadwire.

Chotsiriza chinali cha Yesaya. Anabwera yekha, mkono wake wokhota uja ulipo, kudzanena kuti m'boti mwake muli malo. Masiye anapepesa za kale zija, koma Yesaya anamudula mawu kuti zimenezo zinapita ndi madzi.

Ndiye lero ankawoloka nawo. Ku Mbenji kunamuyenera: malamulo a pachilumbapo salola mowa, juga kapena akazi, ndipo akuluakulu amasecha katundu wa aliyense asanakwere boti. Anzake anawakhuthulira matumba pansi, koma lake sanalikhudze. Anangomuuza kuti adutse. Masiye anayenda chifuwa chili patsogolo, akuganiza kuti wauwina mudzi wonse ndi manja ake omwe aja, pongowasunga kumbuyo.

Boti litatsala pang'ono kunyamuka, Lena anafika ndi kamba wa ufa ndi mchere. Anamukodola kuti apite kuseri kwa matandala oyanikapo usipa. Kumeneko Lena anayang'ana uku ndi uku, n'kugwada pamchenga.

"Bambo a Gladys, ndakuphikirani, ndakuchapirani, sindinakuyankhenipo mwano. Ndikupempha chinthu chimodzi chokha. Achimwene a Lenard anali ataledzera dzulo pamene amadandaula za makhadi a chipani zija. Musakawatchule kuboma."

"Ndikawatchule kwa yani, mayi a Gladys?"

"Musandiyese mwana. Mudzi wonse ukudziwa kuti munthu satuluka msanga chonchi popanda ntchito imene amupatsa. Ine akwathu anandibweza kwa inu kuti mukamakapereka mayina, a pabanja pathu muziwasiya."

Masiye anatsegula pakamwa kuti anene kuti iye si kazitape. Koma pagombe ponsepo panalibe ndi mmodzi yemwe amene akanalimba mtima kumutsutsa, ndiponso panalibe amene akanamukhulupirira.