Mpango Wachikasu

"Kagalu kali pamapazi a mayi akugwadira Mariyayu kakutanthauza kukhulupirika m'banja."

Aida anaima kuseri kwa chipilala. Mawuwo anali a mwamuna wake, Rodrick, yemwe m'mawa anatsanzika kuti akupita kuntchito ku Middlesbrough. Koma nzeruzo zinali za Aida. Iye ndiye amafotokozera alendo zithunzi zakale za m'matchalitchi m'nyumba yoonetseramo zojambula imeneyi ku Newcastle, ndipo ankayeserera kukhitchini kwawo, Rodrick akungoyasamula. Tsikuli linali lake lopuma, koma anabwera kudzagwirira mnzake wodwala.

"Koma inu ndiye mumadziwa zinthu," anatero Dailesi, mnzake wa Aida wa kukwaya, atatsamira phewa la Rodrick. "Nanga apa pa Mgonero wa Ambuye, wakhala payekhayu wavaliranji zachikasu?"

Rodrick anakanda m'mutu. Aida akamafika pamenepo, iye ankakhala atagona kale.

"Ameneyo ndi Yudasi," anayankha Aida akutulukira. "Ojambula akale ankamuveka zachikasu kuti ngakhale wosadziwa kuwerenga amuzindikire msanga."

Dailesi anagwira mpango wachikasu womwe unali m'khosi mwake. Aida ndiye anamugulira pa Khirisimasi.

"Usavule, mnzanga," anatero Aida. "Wakukhalatu."